Mimba ikafika kumapeto: kusiyanitsa matenda oyandikira, oyamba ndi ovuta

"Akayamba udzadziwa wekha." Limeneli ndilo yankho limene mayi wa mimba yoyamba amalandira akafunsa akuluakulu kuti matenda amayamba bwanji. Mng'ono wanga analandiranso lomweli. Usiku wina, mwezi wake wachisanu ndi chinayi utayamba, anandigwedeza phewa cha m'ma 2 koloko. "Achemwali, tagwirani apa. Ikuuma ngati mwala kenako n'kufewa. Kodi ndi zimenezi?" Ndinaika dzanja pamwamba pa mchombo wake ndipo ndinaimvadi ikulimba, kenako n'kumamasuka pang'onopang'ono ngati munthu akufunyulula nkhonya. Tinakhala tsonga mpaka tambala woyamba tikuwerenga mphindi pa foni. Pamene kunkacha zonse zinali zii. Matenda enieni anabwera patatha sabata ndi masiku angapo, ndipo sanayambire pamimba n'komwe. Anayambira kumsana, mwiniwake n'kumaganiza kuti wagonera mbali yolakwika.

Akuluakulu sanama. Matenda akakhwima palibe amene amafunsa mnzake. Koma pofika nthawi yosakayikitsa imeneyo, msewu wa kuchipatala umakhala udakali wonse. Mayi wa ku Ndirande, amene galimoto ikapezeka safuna ola lathunthu kuti afike ku chipatala cha amayi oyembekezera cha Gogo Chatinkha, angathe kudikira kuti atsimikize. Mayi amene pakati pa iye ndi chipatala pali makilomita 15, mtsinje wosefukira, ndi wakabaza amene foni yake imazima usiku, kudikira komweko n'kumene kumamuchiritsira m'mbali mwa msewu. Kumapeto kwa mimba thupi limalankhula zinthu zitatu. Limanong'ona kuti nthawi yayandikira, limanena kuti yafika, ndipo nthawi zina limakuwa kuti zavuta. Zonsezi zimamvekera m'malo amodzimodzi, pamimba, kumsana ndi kumusi, n'chifukwa chake zimasokoneza ngakhale ntchembere.

Tiyambe ndi tsiku lija anamwino amalemba m'kabuku ka kusikelo. Mimba imawerengedwa masabata 40, kapena kuti masiku 280, kuyambira tsiku loyamba la kusamba komaliza. Pa tsiku limenelo amawonjezerapo masiku 7 ndi miyezi 9. Amene anayamba kusamba komaliza pa 3 Malichi amulembera 10 Disembala. Anthu ambiri amaligwira tsikuli ngati lonjezo, chonsecho ndi mwana mmodzi yekha mwa ana pafupifupi 20 amene amabadwa pa tsiku lenilenilo. Mwana wobadwa kuyambira sabata ya 37 mpaka isanapitirire ya 42 wabadwa pa nthawi yake. Amenewo ndi masabata asanu athunthu, ndipo tsiku lililonse m'katimo lingakhale lomwelo. Komanso amayi ambiri amatenga pakati akuyamwitsa kapena atangosiya jakisoni wolera, osayambanso kusamba, ndiye tsiku lowerengera silidziwika bwino. Apa m'pamene sikani yoyambirira imathandiza. Bungwe loona za umoyo padziko lonse la WHO limalimbikitsa kuti ichitike masabata 24 asanakwane, chifukwa ana m'mimba amakula mofanana kumayambiriro, pamene kumapeto wina amanenepa wina ayi, ndipo sikani ya m'mwezi wachisanu ndi chitatu imatha kuphonya tsiku ndi masabata awiri kapena atatu.

Kuyambira mu 2016, bungwe lomweli limati mayi woyembekezera azionana ndi azaumoyo kasanu ndi katatu, m'malo mwa kanayi ka kale. Mukayang'ana mmene maulendowa anawayalira, muona kuti asanu ali kumapeto: sabata ya 30, 34, 36, 38 ndi 40. Anawathinanitsa dala, pakuti kumapetoku n'kumene magazi amayamba kuthamanga mwakachetechete, ndiponso n'kumene kagonedwe ka mwana kamakhala nkhani. Zomvetsa chisoni n'zakuti nthawi yomweyi ndi imene amayi ambiri amajomba kusikelo poti thupi lalemera ndipo mtunda watalika. Amene anagonapo pa kabedi kaja akudziwa zimene zimachitika. Namwino amatenga tepi n'kuyeza kuchokera pa fupa la pachinena kufika pamwamba pa chiberekero, ndipo masentimita amayenera kuyandikana ndi masabata a mimbayo. Kenako amapapasa m'mbali kufuna msana wa mwana, n'kugwira pamwamba pa chinena ndi chala chachikulu ndi zinzake, kumvetsera ngati pali chinthu cholimba chobulungira, umene ndi mutu. Pomaliza amaika kachipangizo konga lipenga pamimba n'kutsamiritsa khutu. Mtima wa mwana umagunda pakati pa 110 ndi 160 pa mphindi. Ana atatu kapena anayi mwa 100 alionse amafika nthawi yobadwa atatsogoza matako, ena ochepa atagona chopingasa, ndipo zimenezi mayi sangazidziwe yekha kunyumba.

Zonong'ona za thupi

Chizindikiro chimene anthu apamudzi amachiona msanga ndi kutsika kwa mimba. Cha m'sabata ya 36 chiberekero chimafika pamwamba penipeni, mpaka kukankha nthiti. Mayi amapuma mobanika, chilungulira sichimuleka, ndipo nsima ya mtanda umodzi imamukhutitsa. Kenako mutu wa mwana umalowa m'mafupa a m'chiuno, mimba n'kusendera kumusi. Mpweya umabwerera, chakudya chimayambanso kulowa, koma katunduyo wangosamukira pena. Tsopano chikhodzodzo chapanikizika, mayi amadzuka kanayi kapena kasanu usiku kukataya madzi, pachinena pamalemera, ndipo amayenda motang'adza. Kwa wa mimba yoyamba zimenezi zimachitika masabata awiri mpaka anayi matenda asanayambe. Kwa ntchembere mutu umatha kukhala pamwamba mpaka tsiku lomwelo. Ndiye azakhali akati "mimba yatsika, mawa sikucha," muwalemekeze, koma dziwani kuti mwina kudakali mwezi.

Pali zina zing'onozing'ono zimene sizifuna mawu ambiri. Mabere amatha kudontha mkaka woyamba wachikasu uja. Msana ndi chiuno zimaphwanya chifukwa mitsempha yolumikiza mafupa imafewa. Ena amatsekula m'mimba pang'ono kutatsala tsiku kapena awiri, ena amangopeza mphamvu zochapa ndi kuzira nyumba yonse. Palibe chimodzi mwa izi chimene chimatchula tsiku. Chimodzi chokha ndiwonjezere: kuyambira sabata ya 28, mayi azigonera chammbali. Akagona chagada, chiberekero cholemeracho chimapsinja mtsempha waukulu wobweza magazi kumtima, ndipo magazi opita kwa mwana amachepa. Akadzuka n'kupeza ali chagada asadandaule, angotembenuka.

Zimene zinadzutsa mng'ono wanga usiku uja ndi kumanga kwa mimba koyeserera, kumene madokotala amakutchula ndi dzina la John Braxton Hicks, dokotala wa ku England amene anakufotokoza mu 1872. Chiberekero ndi mnofu, ndipo chimayamba kudzilimbitsa chokha kalekale mimba idakali yaing'ono, kungoti mayi amayamba kuzimva bwino kumapeto. Kumanga kumeneku kulibe dongosolo. Kubwera pano, kubweranso patatha mphindi 6, kenako 20, kenako kusowa. Kumamvekera kutsogolo, sikuwonjezera mphamvu, ndipo kawirikawiri kumaleka mayi akasintha kakhalidwe, akamwa madzi okwanira, akataya madzi kapena akasamba madzi ofunda. Kumakonda kubwera madzulo a tsiku limene mayi watopa, monga pochokera kudimba kapena kumjigo dzuwa likuswa mtengo.

Kuti timvetse kusiyana kwake ndi matenda enieni, tiyenera kudziwa ntchito imene ikugwiridwa m'katimo. Kumusi kwa chiberekero kuli khomo, looneka ngati khosi la botolo, lotalika masentimita atatu kapena anayi, lolimba ngati nsonga ya mphuno ndiponso lotsekeka. Miyezi yonseyi timadzi ta m'thupi totchedwa progesterone takhala tikukhazika chiberekero pansi kuti chisakankhe mwana nthawi isanakwane. Kumapeto mphamvu ya timadziti imachepa, ndipo timadzi tina, ma prostaglandin, timafewetsa khomo lija mpaka limakhala ngati milomo. Likafewa limayamba kufupika ndi kupyapyala, kenako kutseguka. Apa m'pamene oxytocin, mtundu wina wa timadzi wochokera ku ubongo, amagwira ntchito yake. Iye amamangitsa chiberekero, mutu wa mwana umakanikiza khomo, khomo limatumiza uthenga ku ubongo, ubongo n'kutulutsa oxytocin wina wochuluka. Chimodzi chimakolezera chinzake, n'chifukwa chake matenda enieni sabwerera m'mbuyo. Ndipo mnofu wa chiberekero uli ndi khalidwe lodabwitsa. Ukamanga n'kumasuka subwerera mwakale ndendende, umatsala wofupikirapo pang'ono. Kumanga kulikonse kumakokera khomo m'mwamba mozungulira mutu wa mwana, monga mmene khosi lothina la juzi limatambasukira mwana akamalowetsa mutu. Khomolo liyenera kutseguka masentimita 10. Matenda enieni ndi kumanga kumene kukutsegula khomo. Kumanga kosatsegula khomo, ngakhale kuwawe, sikunafike pamenepo, ndipo wotha kutsimikiza ndi mzamba wa kuchipatala akayeza.

Khomo likayamba kufewa, chinthu chonanda ngati mamina chimene chinalitseka miyezi yonseyi poteteza mwana ku tizilombo chimatuluka. Chimatha kukhala choyera, chofiirira kapena chokhala ndi timizere ta magazi. Ena chimatuluka kamodzi, ena pang'onopang'ono, ena sachiona n'komwe. Chikatuluka, matenda angayambe patatha maola kapena masiku angapo. Chofunika kugwira apa ndi kuchuluka kwa magazi. Timizere tosakanikirana ndi chonandacho si vuto. Magazi ofiira oyenderera, onyowetsa nsalu ngati kusamba, ndi nkhani ina imene tifikeko.

Nsupa ikasweka

Ambiri amaganiza kuti matenda amayamba ndi kusweka kwa nsupa. Zoona zake n'zakuti kwa amayi ambiri nsupa imasweka matenda ali mkati, ndipo ndi pafupifupi mmodzi mwa 10 amene imasweka asanamve kalikonse. Nthawi zina madzi amakhuthuka mpaka kunyowetsa mphasa, nthawi zina amangodontha, mayi n'kumachita manyazi poganiza kuti ndi mkodzo. Kusiyana kwake n'kwakuti madzi a nsupa sagwirika. Mkodzo ungaumange, awa amangotuluka, makamaka poimirira kapena potsokomola, ndipo alibe fungo la mkodzo. Mayi avale kansalu koyera, aone mtundu wake, ndipo akumbukire nthawi imene ayambira chifukwa akafika adzafunsidwa.

Nsupa ikasweka ulendo wayamba, kaya pali ululu kaya palibe. Thumba limene limatchinga mwana latseguka, ndipo maola akamapita tizilombo timakwera kukalowa m'chiberekero. Mayi asalowetse chala kapena mankhwala alionse kumusi, asakhale m'beseni la madzi, ndipo asagone ndi bambo. Madzi abwino amakhala oyera kapena otuwira pang'ono. Akakhala obiriwira kapena akuda ngati phala la masamba, ndiye kuti mwana wachita chimbudzi chake choyamba ali m'mimba, zimene nthawi zina zimasonyeza kuti akubanika. Choopsa kwambiri, ngakhale sichichitika kawirikawiri, ndi pamene chingwe cha mchombo chimatsogola n'kutulukira kunja. Mutu ukachipana, mwana amasowa mpweya m'mphindi zochepa. Zikatero musachikankhire m'kati. Mayi agwade, chifuwa pansi matako m'mwamba, kuti mwana asendere kumtunda, ndipo anyamulidwe mwamsanga ali chomwecho ngati n'kotheka.

Nanga matenda enieni amamveka bwanji? Amayi ambiri amati amayamba ngati cham'mimba cha posamba, kapena ngati lamba wochokera kumsana kuzungulira kutsogolo mpaka pachinena. Amabwera, amakwera, amafika pachimake, n'kutsika, kenako pamakhala mpata wopuma. Mipatayo imanka ifupika, kumangako kumanka kutalika ndi kulimba. Kugona sikuwaletsa, kuyenda sikuwaletsa, madzi ofunda amangochepetsako ululu. Powerenga, yambani pamene kumanga kumodzi kwayambira kufika pamene kotsatira kwayambira. Womudikirira angathe kuika dzanja pamwamba pa mimba, monga ndinachitira ine, n'kumayang'ana wotchi. Azamba amawerenga kuti mimba yamanga kangati pa mphindi 10. Ikamamanga katatu kapena kanayi, kulikonse kopitirira masekondi 40, ntchito yagwira moto. Chizindikiro china chosafuna wotchi n'chakuti mayi amaleka kulankhula pakati pa chiganizo, n'kugwira khoma kapena mtondo mpaka kudutse.

Gawo loyamba, khomo lisanafike masentimita 5, ndi lochedwa ndiponso losalosereka. Kwa wa mimba yoyamba lingatenge usiku wonse ngakhale kupitirira tsiku, ndipo n'limene limafooketsa mtima, chifukwa mayi amafika kuchipatala atavutika maola ambiri n'kuuzidwa kuti njira yangotseguka masentimita awiri. Asakhumudwe, kufewa ndi kupyapyala kwa khomo nayonso ndi ntchito. Pa nthawi imeneyi ayende, amwe madzi kapena thobwa, adye phala, ataye madzi pafupipafupi poti chikhodzodzo chodzaza chimatchinga mutu. Kuchokera pa masentimita 5 kufika 10, malinga ndi malangizo a WHO a 2018, sipamadutsa maola 12 kwa wa mimba yoyamba, kapena maola 10 kwa amene anaberekapo. Koma amenewo ndi malire chabe. Ntchembere ya ana anayi ingathe kumaliza zonse m'maola awiri. Ndipo ndaona kuti ntchembere ndi zimene zimachedwa kunyamuka, podalira kuti njira zikuidziwa, pomwe chiberekero chimene chabereka kasanu kapena kuposa ndi chimene chimavuta kumanga mwana akabadwa, magazi n'kutayika ambiri.

Kumva ngati chimbudzi chachikulu chikubwera, pamodzi ndi kufuna kutchima kosaletseka, ndiye kuti mutu watsikira pansi. Ameneyo asapitenso yekha kuchimbudzi cha kuseri.

Pamene thupi likukuwa

Pali bodza limodzi limene ndikufuna lithe, ndipo ndimalimva ngakhale kwa anthu ophunzira: lakuti mwana akayandikira kubadwa amaleka kusewera chifukwa malo achepa kapena akusunga mphamvu. Ayi ndithu. Kasewero kamasintha, kumenya mateche kumasanduka kugubuduka ndi kudzikoka, koma mwana wabwinobwino amasunthabe mpaka tsiku lobadwa, ngakhale matenda ali mkati. Amagona inde, koma tulo take ndi ta mphindi 20 mpaka 40, ndipo sitimapitirira ola ndi theka kawirikawiri. Mwana amene nsengwa yayamba kulephera kumupatsa chakudya ndi mpweya amachepetsa kusuntha kuti apulumutse mphamvu zotsalazo, ndipo imeneyo ndiyo njira yokhayo imene ali nayo youzira mayi ake. Mayi amadziwa nthawi zimene mwana wake amavuta, kaya akangodya, kaya akangogona. Akaona kuti lero kwachita bata losazolowereka, apite kuchipatala tsiku lomwelo, usiku womwewo. Asadikire kuti kuche, ndipo asadikire tsiku la sikelo. Ngati akamvetsera mtima n'kupeza zonse zili bwino, palibe chimene wataya.

Magazi ofiira otuluka kumusi mimba ili yaikulu nthawi zonse ndi ngozi. Amatha kubwera popanda ululu uliwonse, mayi n'kungodzuka pamphasa pali magazi. Kawirikawiri zimenezi zimachitika nsengwa ikamera kumusi n'kutchinga khomo, ndipo mwana wotere amabadwa pa opaleshoni. Amathanso kubwera ndi ululu woopsa wosalekeza, mimba itauma gwa ngati thabwa osamasukanso. Apo ndiye kuti nsengwa yamatuka mwana asanabadwe, ndipo magazi ooneka kunja angakhale ochepa pomwe ambiri akudzaza m'kati. Kumbukirani kuti matenda enieni amapereka mpata wopuma. Ululu wopanda mpata si wa matenda abwino.

Kuthamanga kwa magazi kwa pa mimba kumayenda mobisala. Kumayamba masabata 20 atadutsa, BP n'kufika 140 pa 90 kapena kupitirira, ndipo mkodzo ukayezedwa umaonetsa kuti impso zakhudzidwa. Mayi amatha kukhala osamva chilichonse mpaka zitafika poipa. Zikafika pamenepo mutu umawawa kwambiri osamva panado, maso amaona mwachimbuuzi kapena tinyenyezi, pansi pa nthiti makamaka chakumanja pamapweteka, nkhope ndi manja zimatupa mwadzidzidzi mpaka mphete kuthina. Kutupa mapazi madzulo n'kofala ndipo pakokha si koopsa, koma nkhope yotupa m'mamawa ndi yofunika kuithamangira. Mapeto ake mayi amakomoka n'kumaphupha ngati wa khunyu, ndipo apa m'pamene mabanja ena amathamangira kwa sing'anga poganiza kuti walodzedwa. Kuchipatala kuli jakisoni wa magnesium sulphate amene amaletsa kukomokako, ndipo mankhwala ake enieni ndi kuti mwana abadwe. Kutentha thupi nakonso kusanyozedwe. Malungo pa mimba amatha kuyambitsa matenda nthawi isanakwane, chimodzimodzi matenda a m'njira ya mkodzo.

Zizindikiro zonse za matenda zimene tafotokoza zija zikabwera masabata 37 asanakwane, zimasanduka za ngozi. Ku Malawi kuno nkhaniyi ndi yaikulu. Lipoti la WHO ndi mabungwe anzake la mu 2012 linaika dziko lathu pamwamba pa mayiko onse, ndi ana pafupifupi 18 mwa 100 obadwa masiku asanakwane. Kufika msanga kumapindulitsa chifukwa mimba ikakhala yosapitirira masabata 34, mayi amabayidwa jakisoni wothandiza kukhwimitsa mapapo a mwana, ndipo mankhwalawo amafuna nthawi kuti agwire ntchito. Mbali inayo, mimba ikafika masabata 41 popanda chizindikiro, mayi abwerere kuchipatala, poti nsengwa nayo imakalamba. Kumeneko angathe kuyambitsa matenda ndi mankhwala oyezedwa bwino, akumvetsera mtima wa mwana.

Mpofunika kunena mosabisa za mwanamphepo. Agogo amene amapatsa mdzukulu wawo mankhwala ofulumizitsa matenda amatero chifukwa chomukonda, safuna avutike nthawi yaitali. Ndipo mankhwalawo amagwiradi ntchito, vuto lake n'lomwelo. Palibe amene amadziwa mphamvu ya kapu imene waperekayo, ndipo akamwa sungawabweze. Chiberekero chikamamanga motsatizana popanda mpata, mwana sapeza mpweya, pakuti magazi amafika bwino ku nsengwa pa nthawi yopuma ija. Ngati khomo silinatseguke, kapena mwana wagona chopingasa, kapena pali chipsera cha opaleshoni yakale, chiberekero chimang'ambika. Ngati mayi wamwa kale, womudikirira auze anamwino poyera atangofika. Mwina akalipa, koma adziwa choyang'anira.

Chimodzimodzi nkhani ya mapinga. Matenda akatalika, m'midzi ina amayamba kufunsa mayi kapena mwamuna wake kuti aulule amene anayenda naye. Maola amene amathera pa mafunsowo mutu wa mwana umakhala utapanikiza chikhodzodzo pa fupa. Mwana amakanika kutuluka chifukwa mutu ndi waukulu kuposa njira, kapena wagona molakwika, kapena mayiyo ndi mtsikana amene chiuno chake sichinakhwime. Minofu yopanidwayo imafa, ndipo patatha masiku pamabooka, mkodzo n'kumangotayikira usana ndi usiku, vuto lotchedwa fistula. Amayi amene amakonzedwa pa chipatala cha fistula cha ku Bwaila ku Lilongwe ambiri anadutsa njira imeneyi, ndipo ambiri mwa iwo mwana sanamutenge m'manja. Dzuwa lisatuluke n'kulowa mayi akumva matenda amphamvu ali pakhomo.

Mtunda ndiwo uyenera kulamula

Malangizo ofala amati nyamukani mimba ikamamanga mphindi 5 zilizonse, kwa mphindi imodzi, kwa ola lathunthu. Ndi abwino kwa wa mimba yoyamba amene alibe vuto lililonse ndipo galimoto ili pakhomo. Kwa ena tonse, muyeso ndi wina. Dzifunseni kuti kuchokera pamene mwaganiza zonyamuka kufika pamene mwagona pa bedi la kuchipatala padutsa maola angati, usiku, mvula ikugwa, mu Januwale. Ngati yankho ndi loposa ola limodzi, nyamukani mukangoona kuti kumanga kwayamba kubwera mwadongosolo. Ngati ndi maola angapo, musadikire matenda n'komwe, pitani ku chidikiro tsiku lanu likamayandikira monga anamwino akuuzirani.

Akatswiri awiri, Sereen Thaddeus ndi Deborah Maine, analemba mu 1994 kuti amayi amafa chifukwa cha kuchedwa kutatu: kuchedwa kuganiza zopita, kuchedwa panjira, ndi kuchedwa kuthandizidwa atafika. Kwachitatuko ndi mlandu wa boma ndi zipatala, ndipo tisaleke kuufunsa. Koyambako kuli m'nyumba mwathu. Ndi mayi amene akubisa kuti matenda ayamba poopa anthu oipa angamumange, ndi banja limene likudikira bambo abwere kuchokera kumsika kapena malume avomereze. Nkhani zimenezi zikambidwe mwezi wachisanu ndi chiwiri, pamaso pa onse, kuti tsikulo likafika aliyense amene ali pafupi akhale ndi chilolezo chonyamuka naye. Dziko lathu laona kale kuti zimatheka. Kafukufuku wa boma wa zaumoyo anapeza amayi 984 omwalira pa ana 100,000 obadwa amoyo mu 2004, 675 mu 2010, ndi 439 mu 2015 mpaka 2016, nthawi imene ana 91 mwa 100 ankabadwira kuchipatala. Mafumu monga Inkosi Kwataine ya ku Ntcheu anaikapo mtima, ndipo kuyambira mu 2012 ntchito ya uchembere wabwino inamanga nyumba zodikirira pa zipatala zingapo. Chiwerengero cha 439 chija chinali chikadali chachikulu kwambiri, ndipo moyo wa ku chidikiro si wofewa: kugona mothinana, kudziphikira, kusiya ana ndi munda m'manja mwa ena. Komabe amene anachitidwapo opaleshoni, wa mapasa, amene mwana watsogoza matako, wa BP, mtsikana wamng'ono, ndi amene anatayapo magazi ambiri pobereka, onsewa malo awo ndi kufupi ndi chipatala chokhala ndi chipinda cha opaleshoni, matenda asanayambe.

Chikwama chikhale chomangidwa pofika sabata ya 36. Muikemo kabuku ka kusikelo pamwamba penipeni, zitenje zochapa zingapo, pepala lapulasitiki loyala, lezala latsopano, ulusi, sopo, tochi, zovala ndi chipewa cha mwana, beseni pambali pake. Amene amamwa ma ARV asawasiye kunyumba, poti masiku amenewa ndi ofunika kwambiri poteteza mwana. Ndalama ya mayendedwe ikhale payokha, yosakhudzidwa ngakhale ndiwo zitasowa, ndipo manambala a anthu awiri a njinga yamoto kapena galimoto alembedwe pa chikuto cha kabuku, osati m'foni mokha, chifukwa foni imatha moto.

Tsiku la mng'ono wanga litafika, msana unayamba madzulo tikusenda mbatata. Pofika 9 koloko ululu unali utazungulira kutsogolo ndipo unkabwera mphindi 8 zilizonse. Mayi athu aang'ono anati tidikire kuche, ine ndinaimbira wa njinga yamoto woyamba, sanayankhe, wachiwiri anabwera. Titafika namwino anayeza n'kuti masentimita anayi, n'kutiuza tiziyenda pakhonde. Tinayenda uku ndi uku, iye atakoleka manja m'khosi mwanga kumanga kukabwera, nkhope yake ili pa phewa langa. Nsupa inasweka cha m'ma 3 koloko, madzi oyera. Mwana analira kunja kukuyera, ine ndili pa benchi ndi beseni pamiyendo.